Mendulo ya a Eldred Pardy, Mdani wa Atsekwe

Pa chilumba cha Dunnage panalibe munthu wodziwa kukamba za ndege ngati a Eldred Pardy. Panalibenso munthu wina wamkulu amene anali asanakwerepo ndege kupatula iwowo. Zinthu ziwirizi aliyense ankazidziwa, koma wozitchula pamodzi iwo ali pomwepo ankayenera kukhala wokonzeka kumva ulaliki mpaka tiyi kuzizira.

A Eldred anali munthu wamtali, wa khosi ngati la nthiwatiwa, ndipo mawu awo ankamveka tsidya lina la doko ngakhale akunong'ona. Anakulira m'boti monga bambo awo ndi agogo awo. Nsomba zitatha m'nyanja, boma n'kutseka usodzi, anzawo ambiri anamanga katundu kukafuna ntchito kumadzulo. Iwo anatsala, n'kupeza ntchito yoyang'anira bwalo la ndege la pachilumbapo. Likamatchulidwa kuti bwalo musaganize zazikulu. Unali msewu umodzi wa timiyala, kanyumba ka malata, thirakitala yokankhira chipale, ndi kapikiapu kachikasu ka nyali yozungulira padenga. Koma nyanja ikaundana, makalata, mankhwala, anamwino ndi odwala onse ankadzera pomwepo.

Chaka chawo choyamba pantchito, tsekwe analowa m'chopukusa cha ndege imene inkanyamuka. Ndegeyo inalephera kukwera, n'kukagwera m'dambo la kumapeto kwa msewu. Palibe anamwalira, koma a Eldred ndi amene anathamangirako, matope kulekeza m'chiuno, n'kutulutsa mphunzitsi wina wamkazi atathyoka mkono, akuitana mayi ake ngati kamwana. Tsiku limenelo anabwerera kunyumba ndi zinthu ziwiri zimene sizinawachokenso: chidani ndi atsekwe, ndiponso mantha okwera ndege. Chidanicho ankachilengeza paliponse. Manthawo ankawatcha dzina lina.

"Woyang'anira pansi sachoka pansi," ankatero. "Ine ndikakwera, bwaloli latsala ndi yani?"

Nkhondo yawo ndi atsekwe inatenga zaka zambiri, ndipo poyamba atsekwewo ndi amene ankapambana. A Eldred anaimika chidole choopseza mbalame, n'kuchiveka chikhothi chawo chakale cha kunyanja. Atsekwe anachiyang'ana, anachizungulira, kenako wina anaikira mazira pamapazi pake penipeni chifukwa panali posafika mphepo. A Eldred anayesa makombola, koma anangopsereza udzu ndi nsidze zawo zomwe. Mankhwala enieni anawapeza mwangozi. A Eldred anali atapemphedwa mwaulemu kuti apume kaye ku kwaya ya kutchalitchi, ndipo kupumako sikunathe. Tsiku lina atakwiya, anatsegula chimkuzamawu cha pa kapikiapu n'kuyamba nyimbo ya pamaliro ndi mtima wawo wonse. Atsekwe onse anadzambatuka nthawi imodzi, osacheuka. Agalu a m'mudzi analira. Kuyambira pamenepo, anthu akamva nyimbo ya maliro kuchokera kubwalo la ndege sankafunsanso kuti watisiya ndani. Ankangoti, "Ndege yayandikira."

Nkhondo yovuta koposa inali ya mtaya wa zinyalala. Mtayawo unali kuseri kwa mpanda wa bwalo, ndipo mbalame zoyera za kunyanja zija zimadya chilichonse zinkasonkhana pamenepo ngati pamsika. Woyang'anira mtayawo anali mlamu wa a Eldred, a Ambrose Rideout, mchimwene wa akazi awo, a Verna. A Ambrose anali munthu wamfupi, wokonda mpando, ndipo ntchitoyo ankaikonda chifukwa inali pafupi ndi nyumba yawo. A Eldred anayamba kuimirira pa msonkhano uliwonse wa khonsolo. Kaya akukamba za mipope ya madzi, kaya za denga la sukulu, iwo ankakweza dzanja n'kunena za mtaya. Pamaliro a mayi wina wokalamba anapempha kuti anenepo mawu awiri, ndipo mawu achiwiriwo anali a mtaya. Pomaliza anthu anatopa, mtaya unasamutsidwira kumapeto ena a chilumba, mbalame nazo n'kusamuka.

A Ambrose anasiya kulankhula ndi alamu awo. Kudya kokha sanasiye. Lamulungu lililonse ankabwerabe kudzadya nyama yamchere, kabichi ndi mbatatesi, n'kumalankhula kudzera mwa mlongo wawo.

"Verna, uwauze amuna akowo andipatsire msuziwo."

"Mayi, muwauze achimwene anuwo kuti msuzi uli pamphuno pawo."

"Ine si wapositi," ankatero a Verna, koma mbaleyo ankaisunthabe.

Mmodzi mwa oyendetsa ndege zobwera ku Dunnage anali Charmaine Lush, mwana wa pachilumba pomwepo, amene anachoka kukaphunzira n'kubwerera atavala yunifolomu. A Eldred ankamunyadira kwambiri, koma ankasonyeza kunyadako pomudzudzula kateredwe. Tsiku lina m'mwezi wa Epulo, Charmaine atatera, anatsika akumwetulira mokayikitsa.

"Amalume, khalani pansi kaye."

"Ine ndili pantchito, mwanawe. Komanso watera ngati ukuponya thumba la mbatatesi."

"Zikomo. Ndiye mverani muli chiimire. Bungwe lathu loona za chitetezo cha maulendo a pandege limapereka mendulo chaka chilichonse. Ife oyendetsa ndege za kuno tinapereka dzina lanu, chifukwa chichitikireni ngozi ya m'dambo ija palibe ndege inagundanso mbalame pabwalo lino. Akusankhani."

A Eldred anatsokomola, anakonza chipewa, n'kuyang'ana kutali.

"Achedwa," anatero. "Koma palibe kanthu. Uzanditengere, ndidzaikoleka m'kanyumbamu."

"Ayi, amalume. Mukalandira nokha kumzinda wa St. John's sabata yamawa. Kuli mwambo waukulu, chakudya chamasana, akuluakulu onse. Inu ndi azakhali mipando yanu ilipo kale m'ndege yangayi."

Khosi lalitali lija linameza malovu, Charmaine n'kuona mmene anatsikira.

"Ndipita pa sitima."

"Sitima iti? Tayang'anani kunyanjako."

Anayang'anadi. Kuyambira padoko mpaka pamene maso amalekezera kunali mbee, madzi oundana okhaokha atapanikizana. Sitima inali itasiya kuyenda, ndipo panalibe wodziwa tsiku limene idzayambirenso.

Kunyumba anapeza nkhani itafika kale. A Verna anali atatulutsa suti ya ukwati, akuipachika panja kuti ichoke fungo la m'bokosi. Iwo ndege anali atakwerapo kambirimbiri, kupita kuchipatala ndiponso kukaona ana, ndipo ankagona isananyamuke n'komwe.

"Mayi, musavutike ndi sutiyo. Ino ndi nyengo yobwera atsekwe. Sindingachoke."

"Achimwene akuyang'anirani."

"Ambrose? Munthu uja atsekwe angamuikire mazira pamiyendo ali mtulo!"

"Ndiye mudwale," anatero a Verna, osacheuka. "Mudwale bwinobwino, kuti anamwino aitanitse ndege yodzakutengani. Mukwerabe, koma chogona."

A Eldred anayesa msana, anayesa dzino, anayesanso kunena kuti ulemu weniweni ndi wa kwa Mulungu. A Verna anangomvetsera akusita malaya. Atamaliza anaika simbi pansi n'kuwayang'ana m'maso.

"Bambo, ndakhala nanu zaka zonsezi. Ndapirira nyimbo zanu. Ndapirira anthu kundinyanyala m'sitolo chifukwa cha mtaya. Tsopano kwapezeka anthu ofuna kukuomberani m'manja, ine ndikufuna ndikawaone ndi maso anga kuti alikodi. Tikupita."

Tsiku la ulendo, a Eldred analawirira kushedi kwawo kosungirako zida za usodzi ati kukayang'ana zingwe za boti. Kumeneko anatenga jekete yopulumutsira munthu pamadzi, yopyapyala ija imafufuma yokha ukakoka kachingwe. Anaivala pamwamba pa vesiti, n'kuvala malaya, tayi ndi suti pamwamba pake. Ankadziwa kuti m'ndege mumakhala majekete otere pansi pa mipando, koma anaganiza kuti zinthu zikavuta sadzakhala ndi nthawi yowerama. Kachingwe kofiira anakapinda bwino n'kukabisa pakati pa mabatani.

"Mwanenepa liti?" anafunsa a Verna powaona.

"Ndavala mavesiti awiri. Kumwamba kumazizira."

"Mwadziwa bwanji, poti simunapiteko?"

"Ndimawerenga."

Ku bwalo kunadzaza anthu. Ena anabwera kudzatsanzika, koma ambiri anabwera kudzaonerera. Sitolo inatsekedwa. A Ambrose anali atakhala kale mu kapikiapu, botolo la tiyi lili pamiyendo. A Eldred anawayandikira, ndipo kwa nthawi yoyamba chisamukireni mtaya analankhulana popanda mkhalapakati.

"Alamu, nyali ya padenga iziyaka nthawi zonse. Mukaona atsekwe, batani la chimkuzamawu ndi ili, muimbe."

"Ndiimbe? Ine mawu anga ndi abwino, alamu. Ndikaimba abwera ambiri."

"Musachite chibwana. M'ndegemo muli mlongo wanu."

"Mulinso inu. Ndiye ndikuganizirabe."

A Eldred anakana kukwera asanayendere okha msewu wonse wapansi. Anapita mpaka kumapeto, akutola timiyala tosongoka, n'kubwerera pang'onopang'ono ngati munthu woperekeza maliro. Atafika anati aona chinachake chonga nthenga kumapeto kuja, n'kutembenuka kuti abwerereko. Charmaine anawagwira mkono kumanja, a Verna kumanzere, ndipo anthu anaomba m'manja pamene mapazi aakulu aja anachoka pa nthaka ya Dunnage n'kuponda makwerero.

M'kati anamanga lamba mpaka mpweya kuvuta. Charmaine atayamba kufotokoza za makomo otulukira pangozi, a Eldred anakweza dzanja n'kufunsa mafunso ambiri kotero kuti mnyamata wa kampani ya magetsi amene anakhala kumbuyo anati, "Madala, mukapitiriza nanenso nditsika." Injini zitalira, anatseka maso, dzanja limodzi pa mpando, lina pa bondo la a Verna. Ndege inathamanga, timiyala tikulira pansi, kenako phokoso la timiyala lija linangoti zii. A Eldred anayamba pemphero la Ambuye, koma pofika pa chakudya chalero anasokoneza n'kuyambiranso.

"Bambo, bondo langa," anatero a Verna. "Komanso tsegulani maso muone kuntchito kwanu."

Anatsegula diso limodzi. Ndege inali itapendekeka pokhota, ndipo chilumba chonse chinali pansi pa zenera lawo. Anaona denga la tchalitchi, doko loundana, ndi kadontho kachikasu kamene kanali kapikiapu kawo. Bwalo lawo lija, limene ankaliyenda mpaka miyendo kuwawa, linkaoneka ngati kachingwe ka nsapato kotayidwa pamwala, nyanja mbali iyi, dambo mbali inayo. Anatsegula diso lachiwiri. Anaganiza za Charmaine ndi anzake akufunafuna kachingwe kameneka m'chifunga, odwala ali kumbuyo, akukhulupirira kuti munthu wa pansi uja wachotsa chipale ndipo wapirikitsa mbalame.

"Kachepa bwanji," anatero motsitsa mawu, mwina koyamba m'moyo wawo.

Kenako ndege inalowa mumtambo n'kugwedezeka pang'ono, iwo n'kubwerera ku pemphero lija. A Verna anali atagona kale.

Chifukwa cha kuyendera msewu kuja, anafika ku St. John's mochedwa. Galimoto inawatenga pabwalo n'kukawatula pakhomo pa hotela, mwambo utayamba. A Eldred anafuna kuzembera kuchimbudzi kuti akavule jekete ija, koma mtsikana wolandira alendo anawagwira n'kuwalondolera ku tebulo la kutsogolo. Ndipo ngakhale akanavula, akanaibisa kuti a Verna osaiona? Anakhala pansi chowongoka ngati mtengo wa magetsi, thukuta likutsika m'khosi.

M'holomo munali anthu ambiri ovala bwino, ena ndi mayunifolomu a mizere yagolide m'manja. Woyamba kulandira mendulo anali makaniko amene anatulukira vuto la mabuleki n'kuchenjeza makampani onse. Wachiwiri anali woyendetsa ndege wachikulire amene anaphunzitsa achinyamata ambiri kutera pa madzi oundana. A Eldred anawaombera m'manja ndi mtima wonse, ndipo pamene ankamva ntchito zawo anayamba kudziona kuchepa. M'mutu ankabwereza mawu amene anakonza, ofotokoza mbiri yonse ya atsekwe kuyambira pa chidole chija.

Wapampando wa bungwelo anali mayi Odette Gallant, mayi wamfupi, waimvi, waukhondo kwambiri, wa mtundu uja sangaone chithunzi chopendekeka pakhoma osachiwongola. Anafotokoza za bwalo la Dunnage, za mtaya, za zaka zonse zopanda ngozi ya mbalame. Anatchulanso zoti oyendetsa ndege akamayandikira chilumbacho amamva nyimbo zachilendo pa wailesi, anthu n'kuseka pang'ono. Kenako anaitana dzina.

A Eldred anakwera pansanja. Popeza anali aatali, anawerama kuti mayi Gallant awakoleke mendulo m'khosi. Powerama paja, kachingwe kofiira kanasuzumira pakati pa mabatani. Mayi Gallant anawongola riboni ya mendulo, anasasa kafumbi paphewa la suti, kenako maso awo anagwera pa kachingweko.

"Pepani bambo, pali kaulusi apa," ananong'ona mwachifundo. "Ojambula asakujambuleni nako."

"Mayi, musa..."

Anakoka.

Phwaaa! Phokoso lake linadutsa m'chimkuzamawu n'kudzaza holo yonse. Chifuwa cha a Eldred chinatukumuka ngati cha nkhukundembo. Mabatani a malaya anathothoka motsatizana, lina n'kukagwera m'mbale ya supu ya mkulu wina wa kutsogolo. Suti ya ukwati inang'ambika kumsana, kwee! Chinthu chachikasu chinatumphuka m'kolala n'kuzinga khosi lalitali lija mpaka m'makutu, tayi n'kuimirira choloza kudenga. Manja awo anatambasuka okha osathanso kutsika. Mendulo inakhala bwinobwino pamwamba pa chifuwacho ngati yaikidwa pa pilo.

Mayi Gallant anatsala kachingwe kali m'manja, kukamwa yasa. Ndiye kuchokera pa tebulo la kutsogolo kunamveka mawu a a Verna, omveka bwino mpaka kukhomo.

"Mavesiti awiri! Ndinadziwa ine!"

Chiseko chinaphulika. Anthu a mizere yagolide aja ankagunda matebulo, ena akupukuta misozi ndi nsalu zodyera. Mkulu wa supu uja anavuula batani lija ndi supuni n'kulikweza m'mwamba kuti onse alione. Charmaine anali atabisa nkhope m'manja, mapewa akugwedezeka. A Eldred analakalaka pansi patang'ambika, koma kuyang'ana pansi sakanatha, chibwano chinali chitakankhidwira kumwamba.

Mayi Gallant ndi amene anayamba kudzigwira. Anayandikira chimkuzamawu akupuma movutikira.

"Abale anga, takhala zaka zambiri tikupempha anthu kuti azidziwa pamene pali jekete yawo. Lero ndaona munthu mmodzi womvera." Anadikira chiseko chitsike. "Bambo Pardy, pepani kwambiri. Muli ndi mawu?"

Mawu onse okonzedwa aja anali atathawa. Ndipo liwu lija limamveka tsidya la doko linatuluka lopyapyala ngati la mwana wa mphaka.

"Ine ndege ndakwera lero koyamba," anatero. "Ndimaiopa. Koma ndaona pazenera kumene anthu inu mumatera kwathu kuja. Inu ndinu amisala." Anthu anasekanso, koma ena anagwedeza mitu kuvomera. "Ndiye ngati muziterabe, ife a pansi tizisesa. Chinanso, mitaya ya zinyalala ichoke pafupi ndi mabwalo a ndege. Ndatha. Wina andiphwetse."

Anthu anaimirira n'kuomba m'manja nthawi yaitali. Charmaine anakwera pansanja, anapeza kapaipi kotulutsira mpweya n'kukadina. Jeketeyo inayamba kulira psiiii, pang'onopang'ono, pafupi ndi chimkuzamawu, ndipo a Eldred anaima pamenepo akuphwa pamaso pa akuluakulu onse a ndege mpaka manja awo anatsika. Pambuyo pake woyendetsa ndege wachikulire uja anawabwereka juzi, n'kukhala nawo pansi kuwafunsa mwatsatanetsatane mmene anagonjetsera khonsolo, chifukwa kwawo nakonso kunali mtaya wovuta. A Eldred anafotokoza mpaka ogwira ntchito m'hotela anayamba kuchotsa mipando.

Pobwerera mawa lake, jekete inali m'chikwama cha a Verna, chikwamacho chili pamiyendo pawo. Charmaine anati popeza amalume ndi munthu wa mendulo, akhale kutsogolo pampando wa pambali pake, bola asagwire kanthu. A Eldred anapinda manja m'khwapa ulendo wonse. Mantha analipobe, koma maso anali otsegula. Chilumba chitaonekera, mtima wawo unadumpha ndi chimwemwe. Msewu wawo unkayandikira, woyera bwino, wopanda mbalame ndi imodzi yomwe, ndipo anakonzeka kumuuza Charmaine kuti aone mmene bwalo losamalidwa limalandirira alendo.

Mateyala anagunda pansi mofewa. Ndege inathamanga pang'ono. Kenako, gudu! Inadumpha ngati ngolo yaponda chitsa, mutu wa a Eldred n'kugunda denga, mano n'kuluma lilime.

"N'chiyani chimenecho?" anakuwa. "Waponda chiyani?"

"Palibe," anayankha Charmaine, akuchepetsa liwiro mosatekeseka. "Ndi linunda la amalume Eldred limenelo."

"Linunda la yani?"

"Lanu. Ndi dzina lake. Aliyense wotera kuno amalidziwa. Pansi pamatukumuka pamenepo nyengo yozizira ikamatha. Silingagwetse ndege, limangodzutsa ogona."

"Ndiye bwanji osandiuza zaka zonsezi?"

"Tinkakuuzani, amalume. Inu munkati msewu wanu ndi wosalala ngati tebulo, vuto ndi manja athu. Ndipo kapikiapu kanu kamagwedezeka paliponse, mukanalimva bwanji?"

A Eldred anasisita pamutu, lilime likuwawa. Kumbuyo a Verna anali atadzukadi, akufunsa ngati afika.

Pa kanyumba ka malata panali pataunjikana mudzi wonse. Nkhani ya jekete inali itafika kale pa lamya, moti ana asukulu anali atavala majekete a makolo awo a kunyanja polandira ngwazi yawo. Panali keke yaikulu, ndipo abusa anali atakonza mawu. Chitseko cha ndege chitatseguka, anthu anayamba kuomba m'manja. A Eldred anatsika, mendulo ili pa juzi yobwereka, sanayang'ane munthu, anatembenuka n'kuyamba kubwerera kumene ndege inachokera. Anthu anayang'anana. A Eldred atafika chapakati pa msewu anaima, anagwada, kenako anagona chafufumimba, tsaya lili pa timiyala, diso limodzi lotseka ngati kalipentala woyeza thabwa.

A Ambrose anawatsatira pa kapikiapu n'kuima pambali pawo.

"Alamu, mukupsompsona nthaka? Kumwamba kunavuta chomwechi?"

"Pali linunda apa, Ambrose."

"Ee, linunda lanu lija. Mwaliona lero?"

A Eldred anadzutsa mutu. "Nanunso mumalidziwa?"

"Chilumba chonse chimalidziwa. Azimayi oyembekezera akachedwa kuchira amati akwere ndege adzatere kuno."

"Khonsolo ikumana liti?"

Nkhope ya a Ambrose inasintha. "Ayi, alamu. Chonde. Anthu angopuma kumene."

Popeza mwini phwando anakana kudzuka, phwando ndi limene linawatsatira. Keke anaidulira pa boneti ya kapikiapu, abusa n'kulankhula mawu awo mphepo ikuwaulutsira mapepala, a Eldred akuyeza linunda ndi chingwe chimene anamangirira ku mwendo wa alamu awo.

Ulendo uno khonsolo sinalimbe. Anthu atangoona dzanja lalitali lija likukwera pa msonkhano woyamba, mendulo ikulendewera pachifuwa, wapampando anati, "Tavomera, a Pardy, khalani pansi," asanamve n'komwe nkhani yake. M'mwezi wa Ogasiti sitima inabweretsa makina, anakumba pamalopo, anathira miyala yatsopano n'kusalaza. A Eldred anaima pamenepo kuyambira tsiku loyamba mpaka lomaliza, akulangiza anthu amene sanawapemphe malangizo.

Ntchito itatha, Charmaine anati tsopano amalume akwerenso kuti akamve okha kusalala kwake potera.

"Ine ndinakwera kale," anatero a Eldred. "Zokwera ndinamaliza. Apite mayiwa, akandiuze."

A Verna sanadikire kuuzidwa kawiri. Analongedza chikwama chachikulu kuposa cha munthu wongokayesa msewu, anakwera, n'kukakhala kwa mwana wawo ku St. John's mpaka zipatso za m'tchire zitapsa. A Eldred anatsala akudya mabisiketi ndi nyemba za m'chitini, ndipo Lamulungu a Ambrose ankabwerabe, awiriwo n'kumakangana kuti apsereza kabichi ndani. Tsiku limene a Verna anabwerera, amuna awo anathamangira ku makwerero ndege isanazime n'komwe.

"Mayi, bwanji? Mwamva chilichonse potera?"

A Verna anayasamula, akukonza tsitsi.

"Ndimve chiyani, bambo? Ndinali mtulo. Akanapanda kundigwedeza Charmaine, bwenzi nditabwerera nayo."